Sari Yobiriwira ya Kasturi

Bangalore, 3 Juni 1987

Bambo,

Ndikhulupirira muli bwino, ndiponso kuti mawondo akukulolani kukhala powombera nsalu. Kuno ndili moyo.

Kumaliro munandifunsa kuti mkazi wanga Kasturi anachoka kuno ali bwanji, ine ndinangoyang'ana pansi. Ndikuyankheni lero. Anachoka ali bwinobwino. Tsiku lathu lomaliza linali Lamulungu. Analawirira kumpopi, n'kubwerako akudandaula za mayi wa chipinda chapansi amene saima pamzere. Anachapa masari ake onse n'kukayanika pamwamba pa nyumba. Nditakwerako ndinapeza dzuwa likudutsa m'nsalu zonyowazo n'kumugwera kumaso, ndiye ndinati aime pomwepo, asagwedezeke. Iye anati, "Bwana kamera, mpunga ukupserera pansipo, kajambuleni umenewo." Tinadya mpunga wopsererawo ndi mphodza. Tinakangana pang'ono za khofi, akuti ndimathira shuga ngati mwana. Madzulo anapinda masari, awiri m'chikwama, enawo m'bokosi lake lachitsulo. Anati, "Mwana wa achimwene akangopatsidwa dzina ndabwerera. Anzanu a kanema asalowe muno, amasiya zotsala za fodya m'makapu." M'mawa mwake ndinamukweza basi ya kwawo ku Guledgudda. Ndi zokhazo. Sanatsokomole n'kamodzi komwe.

Ndikudziwa kuti anthu akunena chifukwa ndinachoka masiku a maliro asanathe. Inu muyenera kudziwa chifukwa chake. Zaka khumi ndi ziwiri ndakhala ndikunyamula nyale za ena, kulowetsa filimu m'makamera a ena, kuyeza mtunda ndi tepi kuti nkhope zioneke bwino m'zithunzi za ena. Chaka chino a Hegde, amene akutsogolera filimu yatsopanoyi, anandipatsa kamera kuti wojambula ndikhale ine. Mwambo wotsegulira ntchito unagwera sabata yomweyo ya maliro. A Setty, eni ndalama, sayetsemula asanafunse wansembe. Wamaliro saloledwa kuyandikira kamera yovekedwa maluwa, ndipo kuno ukangotchedwa wa phazi latsoka palibe amene amakuitananso.

Telegalamu ya imfa yake itafika ndinawauza kuti amene mwadwala kwambiri ndinu, Bambo. Nditabwerera ndinati mwachira. Pamwambopo kokonati ndinaswa ndine, ndi manja omwewa. Akazi a Setty anandipatsa zibangili ndi ufa wofiira wa pamphumi kuti ndikapatse Kasturi, poti sanabwere. Ndinalandira, ndinathokoza.

Ndatumiza marupi mazana atatu pa positi. Mazana awiri mukapereke kwa apongozi pa zimene anawononga kuchipatala. Makalata muzilembera kusitolo ya khofi ya pakona, osati ku ofesi.

Mwana wanu,
Sangamesh

Pafupi ndi Mandya, 29 Juni 1987

Bambo,

Kalata yanu ndinalandira, ndakondwa kuti muli bwino ndi kuti mvula yayamba kumeneko. Ife tili m'mudzi wina wa minda ya nzimbe, timagona m'sukulu yakale. Anthu amafunsa za inu tsiku lililonse. Dasappa, amene amasunga zovala za osewera, wandipatsa botolo la mafuta akuti muzipaka pachifuwa. Lili m'chikwama changa. Sindikudziwa kuti ndilitani.

Mwanena kuti apongozi akufuna bokosi la Kasturi lifike chikondwerero cha Dipavali chisanakwane, kuti masari ake aperekedwe kwa amayi apabanja monga timachitira mkazi akatsogola mwamuna wake ali moyo. Ndamva. Auzeni kuti lidzafika.

Koma pali china. Filimuyi ndi ya mkazi wa mlimi wa kwathu kumpoto. Dasappa anabweretsa masari onyezimira a m'tauni, a Hegde atawaona anaponya chipewa pansi. Anati, "Ameneyu akupita kumunda kapena kuukwati wa mwana wa nduna?" Dasappa anati, "Pa ndalama imene munandipatsa, bwana, thokozani kuti sakuvala nyuzipepala." Kenako a Hegde anatembenukira kwa ine. "Sangamesh, mkazi wako si mwana wa owomba nsalu? Alibe masari enieni?" Ndinati ali kumudzi. Iwo anati, "Ndiye bwino kwambiri, sadziwa!" Onse anaseka. Wina wa nyale anakuwa, "Tamuonani, akumuopa ngakhale ali kutali!" Ndinaseka nawo.

Ndikanati chiyani, Bambo? Mkazi wamoyo amabwereketsa sari. Loweruka ndinakwera basi, ndinatsegula bokosi lija, ndinabwera ndi atatu. Anasankha yobiriwira ya m'mphepete mofiira, imene bambo ake anamuwombera ya ukwati.

Denga la kukhonde lija musadikire ine, itanani mmisiri lisanagwere munthu. Mafuta a nyale kuno akwera mtengo, kaya kumeneko. Za sariyi musauze aliyense. Ndi milungu yochepa chabe.

Sangamesh

Pafupi ndi Mandya, 2 Ogasiti 1987

Bambo,

Kalata yanu inali ya mizere iwiri, ndipo simunanene za thanzi lanu. Ndikhulupirira muli bwino. Ine ndinadwala m'mimba, ndachira.

Mwati ndibwezere sariyo m'bokosi lero lomwe. Bambo, ntchito yathu siyenda motero. Sitijambula nkhani motsatana. Mkazi akatuluka pakhomo atavala sari yobiriwira mu Juni, pachitsime ayenera kufika atavala yomweyo, ngakhale chitsimecho tidzajambule mu Okutobala. Sariyo yalowa kale m'theka la filimu. Ndikaichotsa, zonse zimene tajambula zafa, ndipo ine ndafa nazo.

Zithunzi zoyamba zabwera kuchokera ku Madras kumene amazitsuka. Tinakaonera m'holo ya ku Mandya m'mawa, anthu asanayambe kulowa. A Hegde anandimenya paphewa n'kunena kuti, "Iwe umabisala kuti zaka zonsezi?" Mawu amenewa ndawadikira kuyambira tsiku limene ndinathawa powombera panu. Ndinatuluka, ndinakakhala pamwala kuseri kwa holo mpaka anabwera kudzandiitana.

Mtsikana amene akuvala sariyo ndi Vanamala, wa ku Tumkur. Nayenso iyi ndi filimu yake yoyamba, ndipo mayi ake amakhala pamphasa kuseri kwa nyale kumuyang'anira. Ndi mwana waulemu. Sariyo amapinda yekha, Dasappa samulola kuigwira. Dzana anandiuza kuti, "Achimwene, mukamalemba kalata muwauze achemwali kuti sari yawo ili m'manja abwino. Amakonda chiyani? Ndikufuna ndiwagulire kanthu." Ndinati amakonda maluwa a m'tsitsi. Iye anati, "Amenewo angafote panjira. Ndidzawapatsa ndekha tsiku loonetsa filimu."

Nkhope yake ndimajambula mosavuta. Chimandivuta n'choti akatembenuka n'kumayenda akupita uko, diso langa lili pakamera, ndipo siliyenera kuphethira mpaka a Hegde atanena kuti basi. Ndisiye pomwepa.

Malipiro achedwa, ndatumiza theka chabe. Mmisiri wa denga mumuuze adikire pang'ono.

Sangamesh

Pafupi ndi Mandya, 13 Sepitembala 1987

Bambo,

Moni wanu ndalandira. Pepani kuti mawondo ayambanso. Muziwotha madzi ofunda, ndipo musamakhale powombera mpaka dzuwa kulowa. Ine ndili bwino, kungoti tulo ndi tochepa.

Mwalemba kuti apongozi anabwera okha kudzafunsa za bokosi, ndipo munawauza kuti palibe munthu wolinyamula. Ndiye tsopano mukunama ndinu chifukwa cha ine, inu amene simunanamepo ngakhale pa muyeso wa nsalu. Tsiku limene asankha la mwambo ndalilemba pakhoma.

Kuno zinthu sizikuyenda. Mvula yatikhazika pansi masiku ambiri. Galimoto ya jenereta inatitimira m'matope, ng'ombe za anthu ndi zimene zinaitulutsa. Kenako chitini china cha filimu chinabwera kuchokera kotsukira chili chakuda bii, ntchito yonse ya pamtsinje yapita. A Setty anathamangira kwa wansembe wawo, ndipo iye akuti pali munthu amene analowa m'ntchitoyi ndi phazi lodetsedwa. A Setty anayang'ana gulu lonse. Onse anagwirapo nawo ntchito, ngakhale ine amandidziwa kuyambira ndikunyamula nyale. Mlendo ndi mmodzi yekha, Vanamala.

Palibe amene wamuuza pamaso, koma akamafika m'mawa wina amanong'ona kuti, "Bisani jenereta, akubwera." Pa chakudya mphasa yawo imakhala payokha. Mayi ake amamutengera kukachisi m'bandakucha uliwonse, ndipo mwanayo wayamba kusala kudya. Nkhani yafika kale kumaofesi a kanema ku Bangalore. Kampani ina imene inamulonjeza filimu yachiwiri yatumiza mawu kuti yasintha maganizo.

Lachinayi ndikuyeza kuwala pankhope pake anandifunsa motsitsa mawu, "Achimwene, inu mumandiona tsiku lililonse m'galasi lanulo. Mumaonamo tsoka?" Ndinati kuwala kukutha, tiyeni tijambule.

Ine sindikhulupirira kuti Kasturi angawononge ntchito ya munthu. Ali moyo sankatha ngakhale kupirikitsa mphaka wa eni ake. Koma phazi limene akulifunalo ndikulidziwa, ndimalisambitsa m'mawa uliwonse.

Zotsala kujambula ndi zochepa, koma sariyo ili m'zonsezo. Mvula ikatilola titha tsiku la mwambo lisanafike. Ikapanda kutilola, sindikudziwa.

Sangamesh

Bangalore, 27 Sepitembala 1987

Bambo,

Ndikhulupirira mawondo akupepuka. Ine m'thupi ndili bwino. Ndabwerera ku Bangalore. Ntchito ija yatha kwa ine.

Lolemba m'mawa a Setty anabwera ndi wansembe kuti achotse tsoka pa Vanamala. Anamukhazika pansi pa mtengo wa bwemba, gulu lonse litazungulira, ndi anthu a m'mudzi omwe ataima m'mbali. Anali atavala kale sari ija poti timati tijambule mwambowo ukatha. Wansembe ananyamula dzungu kuti alizunguze pamutu pake. Mwanayo anali atawerama, khosi lili pamtunda. Sindinakonzekere kulankhula. Ndinangomva pakamwa panga pakunena kuti, "Bwana, dzungulo zunguzani pa ine."

Ndinawauza zonse. Sizinatenge nthawi, bodza la miyezi inayi limatha m'mawu ochepa.

A Setty anati, "Unaswa kokonati pa kamera yanga uli ndi maliro m'manja?" Ndinati inde. "Ndi zibangili za mkazi wanga unalandira?" Ndinati inde. Anavula nsapato imodzi ngati akufuna kundimenya nayo, kenako anaivalanso. A Hegde anandigwira malaya. "Chitsiru iwe, bwanji sunauze ine? Ine zimenezi sindizisamala, ndikanapeza njira!" Mwina amanena zoona, mwina ayi. Tsopano sindidzadziwa. Dasappa yekha anafunsa mwakachetechete, "Nanga mafuta anga aja anapaka ndani?" Palibe anaseka.

Vanamala anadziyang'ana kuyambira paphewa mpaka kumapazi. Mayi ake anakuwa, anamukokera m'sukulu muja, tinamva ndowa zikulira. Vanamala atatuluka tsitsi lili lonyowa anabwera pamene ndinali kulongedza. Anati, "Za sari sindikukwiyirani, achimwene. Koma munamva zonse zimene amandinena. Ndinakufunsani, inu munati kuwala kukutha."

A Setty akuti malipiro otsala ndiiwale, ndipo dzina langa silidzaoneka pa filimuyo. Aitana munthu wina wa ku Madras kuti adzamalize. Koma sangamalize, chifukwa mayi a Vanamala alumbira kuti mwana wawo sadzavalanso nsalu ya wakufa. Atuma anthu m'masitolo onse kukafuna yofanana nayo, sanaipeze. Dasappa anandibweretsera masari onse atatu pokwerera basi, atawakulunga m'nyuzipepala. Anandigulira khofi.

Yobiriwirayo ili ndi banga la mafuta odzola a osewera pakhosi, ndipo minga inaing'amba m'munsi. Ndinachapa ndekha kumpopi, pakati pa amayi. Mayi wa chipinda chapansi uja anandifunsa kuti Kasturi abwera liti, ndinamuuza. Anachotsa ndowa yake n'kuika yanga. Pong'ambika ndasoka monga munandiphunzitsira, ngakhale manja aiwala.

Mwezi uno sindituma kanthu. Pepani.

Sangamesh

Bangalore, 1 Novembala 1987

Bambo,

Ndikhulupirira muli bwino ndipo Dipavali inakupezani ndi mphamvu. Mwamva kale kuti ndinafika ku Guledgudda n'kubwerera osadzera kwanu. Musandiyese wamwano. Nkhope imodzi ndi imene ndikanatha kuyang'ana paulendo umenewu.

Bokosi ndinalisenza pamutu kuchokera pokwerera basi. Apongozi aakazi anandipeza pabwalo, sanandipatse madzi. Ndinawauza zonse nditaimirira pomwepo, ndi za inu zomwe, kuti munanama chifukwa ndinakupemphani. Anamvetsera mpaka pamapeto. Kenako anati, "Ndiye mkamwini, mwana wanga munamusunga wamoyo miyezi yonseyi kuti azikugwirirani ntchito." Analowa m'nyumba.

Apongozi aamuna anatsegula bokosi, anatulutsa yobiriwira ija, anaitambasula padzuwa mpaka anapeza pamene ndinasoka. Anakhala pakhonde n'kumasula ulusi wanga wonse, n'kuyambiranso ndi wawo. Anagwira masana onse. Ine ndinakhala patsinde pa khoma.

M'mawa mwake amayi apabanja anabwera. Aliyense analandira sari, zibangili ndi ufa wa chikasu, ndipo anatchula dzina la Kasturi. Miphika yake ndi chipeso anapatsa mlamu wake. Ine ndinamva zonsezi ndili panja. Anthu atapita apongozi aakazi anatuluka atanyamula yobiriwirayo.

Anati, "Mtsikanayo ndi wapabanja?"

Ndinati ayi.

"Adzakwatiwa. Amayenda nayo bwino?"

Ndinati amayenda nayo bwino.

"Kanemayo akadzafika m'tenti yoonetseramo kanema ya kuno, ndidzaiona ikuyenda?"

Ndinawauza kuti filimu yosatha saonetsa, ndi kuti popanda sariyo siingathe. Anasisita m'mphepete mofiiramo ndi chala. Kenako anaiika pamiyendo panga, pamwamba pake kokonati, zibangili ndi chikasu. Anati, "Kaperekeni monga mwa mwambo, ndi manja awiri, osati m'nyuzipepala. Nsalu yoperekedwa si ya wakufanso. Akakana mubwere nayo. Ndipo musaganize kuti ndakukhululukirani. Ndikungofuna kuiona."

Ndinatsikira ku Tumkur. Mayi a Vanamala ataona chimene ndanyamula anaima pakhomo, manja m'chiuno. "Mwabweranso? Zimene munamuchita sizinakwane?" Ndinati sindinabwere ndekha, ndatumidwa ndi mayi a mwini nsalu. Vanamala anatuluka kumbuyo kwawo. Anayang'ana zibangili, anayang'ana chikasu. Anati, "Dzina lawo anali ndani? Simunanditchulirepo." Ndinati Kasturi. Analibwereza. Kenako anatambasula nsonga ya nsalu imene anavala, monga amachitira amayi polandira, ndipo ndinaika zonse mmenemo. Sanandiitane kuti ndilowe, ndipo sindinayembekezere.

Dasappa akuti anayambiranso kujambula sabata yatha, pakamera pali wa ku Madras uja. Ine ndapeza ganyu kwa munthu wojambula maukwati, ndimamunyamulira nyale. Ndalama ndi zochepa koma za denga ndiyamba kutumiza mwezi wamawa.

Bokosi lachitsulo ndinalisiya kwa apongozi. M'chipinda muno mulibenso chilichonse cha Kasturi.

Filimuyo ikadzafika ku Guledgudda, chonde mudzawaperekeze apongozi aakazi. Dzina langa musadzalifune. Maso awo saona patali, ndiye akafuna kukhala kutsogolo pamchenga mudzawalole. Ine sindidzapita. Ndinaiona kale.

Mwana wanu,
Sangamesh